Ababa, Uthenga Wafika kwa Azakhali

CHE BASHIRU LOURENCO
a ku Namwera, Mangochi
1972 – 2022

Zaka zakwana zitatu, Ababa, chichokereni inu pakati pathu. Chaka choyamba sitinalembe kanthu m'nyuzipepala. Chachiwiri tinakhala pansi kuti tilembe, koma pepala linabwerera m'chikwama lili loyera. Sikuti tinakuiwalani ayi. Tinkachita manyazi kukuyankhulani pamaso pa anthu pamene ntchito imodzi ya maliro anu inali isanagwirike: mlongo wanu, azakhali a Lusia, anali asanamve kuti munamwalira. Chaka chino tikulemba, ndipo mutikhululukire chifukwa titalikitsa. Pali zoti mumve.

Kunyumba zinthu zili monga munazisiyira. Mpando wanu ukadali pakona paja poyang'ana kukhomo, poti inu simunkalola kukhala mofulatira chitseko, ngakhale pa ukwati wa eni ake. Tili ana tinkaseka, osadziwa kuti ndi nkhondo imene inakuphunzitsani zimenezo. Mukapsa mtima munkang'ung'udza m'Chipwitikizi kuti tisamve, ife n'kumangodziwa kuti lero kwatentha. Kuseka kwanu kunalibe mawu, mapewa okha kugwedezeka, mpaka Amama ankati, "Che Bashiru, tulutsani mawu, mungatsamwe." Ndipo tikabwera kudzaneneza mnzathu, yankho lanu linali limodzimodzi: "Munthu akalakwitsa, yamba wamufunsa chimene amafuna kukonza."

Amama a Sakina sadandaula mokweza. Amangophika tiyi wochuluka kuposa anthu amene alipo. Hafiz, mwana wanu wamwamuna, anatenga benchi lanu la zitenje pamsika, koma kupinda kwake sikufanana ndi kwanu, makasitomala akale amamuuza. Zidzukulu zimakudziwani ndi chithunzi chili pamwambachi. Shamima, mwana wanu woyamba, ndiye amene nkhani iyi yamukhalira pamutu zaka zonsezi, ndipo zambiri zimene tilembe pano ndi za iyeyo.

Inu munafika kuno muli mnyamata, nokha, nthawi ya nkhondo ya ku Mozambiki. Simunkakonda kukamba. Chimene tinkadziwa n'chakuti m'mawa umene mfuti zinalira m'mudzi mwanu, munabisa mlongo wanu wamng'ono m'munda wa chinangwa, n'kumuuza kuti adikire mukaone kumene kuli amayi anu. Khamu la anthu othawa linakukokololani, ndipo kumunda kuja simunabwererenso. Munakulira kuno, munalowa Chisilamu, munakwatira, dzina lanu lobadwa nalo la Lourenco n'kukhala lachiwiri, anthu n'kukuzolowerani monga Che Bashiru wa zitenje. Koma ulendo uliwonse wokaoda katundu ku Mandimba, kutsidya kwa malire, munkabwera mochedwa, chifukwa munkayenda mukufunsa.

Patatsala miyezi yowerengeka kuti mutisiye, munawapeza. Munafika kunyumba, kukhala pampando osavula nsapato, n'kunena kuti, "Lusia ali moyo. Ali ndi imvi." Mudzi wawo munati uli kupitirira Mandimba, kupatuka pamsewu wa ku Lichinga. Dzina la mudziwo munalitchula kamodzi ndipo palibe amene analigwira, poti tonse tinkati tidzapita nanu. Azakhali alibe foni. M'mudzimo muli bambo wina wa kagolosale, ndiye Lachisanu lililonse mukachoka ku pemphero la Juma munkaimba pa Watsapu ya bamboyo, azakhali atakhala kale pabenchi kudikira. Munawalonjeza kuti mvula ikatha mudzapita kukawatenga, adzaone ana anu.

Mvula isanathe munagwa pamsika, m'mawa, mukuyala zitenje. Pofika kuchipatala munali mutapita. Mwa chipembedzo chathu maliro sagonera, choncho swala ya Alasiri, pemphero la kumadzulo, isanakwane munali mutaikidwa. Foni yanu inapezeka m'thumba la malaya, yokhoma, ndipo kiyi wake chinali chala chanu. Shamima anaikumbukira amuna atanyamula kale jeneza, chithatha cha maliro. Anaimirira pakhonde foni ili m'manja, kuyang'ana anthu akukhota pamtengo wa mango uja. Akananena chiyani? Kuti abwezeni kaye, ndikufuna chala chawo?

Kumanda, shehe atafunsa ngati pali wa kumtundu kwa malemu woti alankhule, panangoti zii. Amalume a Sumani, mchimwene wa Amama, ndi amene anaimirira m'malo mwa abale anu.

Pa arobaini, sadaka ya masiku makumi anayi, katundu wa malemu amagawidwa, ndipo mukudziwa kuti kwathu kuno sapatsa wamoyo chinthu cha womwalira chisanatsukidwe. Poti kwanu kunalibe munthu, ntchito imeneyonso inagwera amalume. Mikanjo inachapidwa, nsapato zinapukutidwa, njinga inatsukidwa mpaka masipoko. Foni anati ikhale ya Shamima. Ndiye amalume, osauza munthu, anapita nayo kwa wokonza mafoni kuti aitsegule, nayonso aitsuke, mwana alandire chinthu choyera. Ndipo anaganiza ndithu asanachite. Anayamba achotsa simu khadi, kuikulunga m'kapepala n'kulembapo nambala yanu, chifukwa pa foni yawo ya mabatani mayina onse amakhala m'kakhadiko. Anabwera akumwetulira. Anati, "Mayina ndasunga pano, foni nayi, yayera."

Kakhadiko titakaika m'foni ya mabatani, munalibe dzina ngakhale limodzi. Foni yanu nayo inayaka bwinobwino, kupereka moni ngati yatsopano, kenako n'kuima. Inalemba kuti yafufutidwa, ndipo siipitirira pokhapokha wina alowetse imelo ndi pasiwedi ya mwini wake wakale. Imelo imeneyo anakutsegulirani ndi amene anakugulitsani foniyo. Inu simunalemberepo munthu kalata pa imelo, mwinanso simunkadziwa n'komwe kuti muli nayo.

Amalume anakhala pansi penipeni, pa simenti. Anati, "Ine ndimati ndikukonza." Shamima anawayankha kuti, "Tamva, amalume," n'kulowa m'nyumba. Alipo amene ankayembekezera kuti tikangana. Sitinakangane. Chimene amalume ankafuna kukonza tinkachiona tonse.

Chiyembekezo chinatsalira pa laini yanu, kuti mwina kutsidya aimba. Koma kumeneko sankaimba, ankangodikira inu, ndiponso pa Watsapu, imene foni ya mabatani ilibe. Amene ankaimba anali makasitomala a kutali amene sanamve za maliro. Amama anali m'nyumba pa eda, masiku amene mkazi wamasiye satuluka, ndipo foni ikalira ankayenera kulengezanso imfa yanu kwa munthu wofuna zitenje. Tsiku lina anatopa. Anatulutsa kakhadiko, kukabwezera m'kapepala kake, n'kukaponya m'chitini cha singano. Nawonso sitinawaweruze.

Hafiz anawoloka malire pa Chiponde kukafunafuna. Anayenda pa njinga za moto m'midzi ya m'mbali mwa msewu wa ku Lichinga, kufunsa za mayi wa imvi dzina lake Lusia amene anapezana ndi mlongo wake wa ku Malawi. Ma Lusia anawapeza angapo. Mmodzi anamuphikira chinangwa, analira naye, kenako n'kumuuza kuti iye alongo ake onse anawaika yekha m'manda. Hafiz anabwera ndi malungo basi.

Shamima sanalire pa maliro anu, ndipo amayi ena anamunena. Sanalirenso pambuyo pake. Ankadzuka, kusoka mayunifolomu a ana asukulu, kudya, kugona. Imfa yanu anali ataivomera monga munthu amavomerera chilala: chabwera, chabwera. Chimene chinkamukhala pachifuwa ngati mwala chinali china. Lachisanu lililonse amuna akamatuluka mumzikiti, ankaona m'maganizo mwake mayi amene sanamuonepo, atakhala pabenchi la golosale, manja pamiyendo, akuyang'ana foni ya eni ake. Mayi amene anauzidwapo kale kuti adikire. Kwa mayi ameneyo inu simunamwalire, munangosiya kuimba. Munawasiya kachiwiri. Ndipo aliyense amene akanakuikirani umboni anali tsidya lino.

Choncho foni ija sanaitaye. Ankaitchaja, kuiyatsa, kuiona ikupereka moni wake, kufika pamene imaimira, n'kuizimitsa. Sankayembekezera kanthu. Inangokhala ntchito ina ya pa sabata, ngati kusesa. Okonza mafoni a ku Namwera ndi a m'tauni anamuuza kuti atha kuilumphitsa mpanda, izigwira ntchito. Iye ankafunsa funso limodzi lokha, ngati mayina abwerere. Oona mtima ankati ayi. Wina anati inde mofulumira kwambiri, Shamima n'kutenga foni yake.

Chaka chino, Ramadani itatha, anatsikira ku Mangochi kukagula nsalu. Pafupi ndi depoti anaona mayi wachitsikana akukonza mafoni pa kabenchi, dzina lake Mayankho. Anaima chifukwa cha chizolowezi chabe. Mayankho anaiyatsa, anawerenga, n'kufunsa kuti, "Asisi, mukufuna foni kapena mukufuna zimene zinali m'foni?"

"Ndikufuna nambala imodzi," anatero Shamima.

"Ndiye kulumphitsa sikukuthandizani. Mayina mwina alipo, koma sali m'foni muno, anasungidwa ku imelo. Laini ya bambo anuwo ilipo? Tikanena kuti taiwala pasiwedi, amatumiza khodi pa laini imene anatsegulira. Khodiyo ikangopezeka, tiika pasiwedi ina."

Zaka zonsezi, njira inali m'chitini cha singano. M'mawa mwake anatsikanso ndi kapepala kaja. Mayankho anaika kakhadiko m'foni yake, anadikira, anakatulutsa, anakapukuta pa chitenje, anakaikanso. Netiweki sinabwere. Anati, "Yafa iyi. Laini ikagona nthawi yaitali amaipereka kwa wina. Tayesani kuiimba."

Nambala yanu Shamima anali asanaiimbepo chimwalirireni inu. Zala zinaikumbukira zokha. Inaitana. Anayankha mayi wa mawu akuluakulu, kumbuyo kukumveka phokoso la anthu otsatsana malonda.

"Pepani mayi, nambala iyi inali ya bambo anga, Che Bashiru..."

"Che Bashiru! Mwayambanso? Ine zitenje ndilibe!"

Shamima anafotokoza pang'onopang'ono kuti pabwera uthenga wa manambala pa foni yawoyo, ndipo akupempha kuti amuwerengere.

"Ehee! Ndimadikira pomwepo. Khodi! Mwana iwe, wailesi ndimamvera ine. Mwatha kubera a m'tauni, mwati tiyese a kunyanja? Ngati uli munthu ubwere kuno ku Nkope, ufunse Hidaya wa usipa, udzaitenge pamaso panga khodi yakoyo. Ndikuonetsa." Foni thi.

Mayankho anaseka, n'kunena kuti mayiyo sakulakwa, ndi mmene aliyense ayenera kuyankhira. Shamima sanaseke. Anangofunsa kuti minibasi za ku Nkope zimakwerera pati.

Amalume atamva, anati apita nawo. Maondo awo mukuwadziwa, koma sanamve zowaletsa. Anafika ku Nkope dzuwa lili paliwombo, mchenga ukuwotcha kudzera m'nsapato. Mayi Hidaya anawapeza pa thandala loyanikapo usipa, mikono ili mbuu ndi mamba, kafoni ka mabatani komanga ndi labala kali pachifuwa. Atamva kuti awa ndi a khodi aja, anagwira m'chiuno.

"Ha! Akuba a masiku ano akumayenda ndi agogo awo?" Anaitana anzawo awiri a pa mathandala oyandikana. "Bwerani mudzaone, mukhale mboni. Awa ndi eni ake a Che Bashiru amene anatsala pang'ono kundithetsera banja. Amuna anga mpaka lero amafunsa kuti Bashiru ameneyu ndi ndani, amagulitsa zitenje zanji zosatha."

Amayi aja anaseka. Amalume anadikira kuseka kuthe. Kenako anatulutsa kapepala kaja, kothimbirira, kolembedwa nambala ndi dzanja lawo, kakhadi kakufa kali m'kati. Anafotokoza zonse ataimirira padzuwa, kuyambira munda wa chinangwa mpaka benchi la golosale. Pofika pa foni anati, "Amene anaitsuka ndine, mayi. Mwanayu alibe mlandu."

Mayi Hidaya anali atayamba kutembenuza usipa, osawayang'ana. Anafunsa kuti, "Ndiye mlongo wawoyo mpaka lero sakudziwa?"

"Sakudziwa."

"Akuti mwamuna uja anangomutaya?"

"Ndi mmene tikuganizira."

Anatembenuzanso usipa kanthawi. Kenako anapukuta manja. "Muimbireni munthu wanuyo atumize. Koma foni ndigwira ndekha, wina asayandikire. Ndipo kukasowa kanthu m'foni muno, ndikudziwani nkhope nonse awiri."

Shamima anaimbira Mayankho, amene anali pa kompyuta yake ku Mangochi. Kafoni ka labala kanalira. Mayi Hidaya anakatalikitsa ndi maso, n'kuwerenga manambalawo imodziimodzi, mokweza ngati akuitana ana, Shamima akubwereza pa foni. Kumbali inayo Mayankho anati, "Yalowa." Ndi zomwezo. Panalibe chilichonse chooneka, ntchentche zinkangouluka pa usipa monga kale. Potsanzikana, mayi Hidaya anawatapira usipa m'jumbo, anati ndi wa sadaka. Amalume atayamba kuthokoza, anawadula: "Basi, basi. Mukangowauza a kwanuko asiye kundifunsa zitenje."

Mayankho anati mayinawo akanatha kuwaona pa kompyuta tsiku lomwelo, koma sasuzumira m'thumba la malemu. Anachenjezanso kuti pasiwedi ikangosinthidwa foni simavomera msanga, pamafunika kuipatsa nthawi. Shamima anati wadikira zaka, sangalephere masiku. Atabwereranso pa kabenchi kaja, analemba yekha pasiwedi yatsopano. Foni inazungulira, inazungulira, kenako inadutsa pamene inkaimira paja.

Zithunzi sizinabwerere, Ababa. Mawu anu a pa Watsapu sanabwerere. Zimenezo zinapita ndi kutsuka kuja. Anabwera ndi mayina okha, kutsika limodzilimodzi, olembedwa mmene inu munkatchulira anthu. "Sumani Mlamu." "Mayi a Ana." "Wa Matayala Wabodza." "Shami Wanga." Shamima anadutsa pa dzina lakelo osaima. Pansi pake, chapatali, panali nambala ya ku Mozambiki: "Oscar wa Lusia." Anaikopera papepala, padzanja, ndi m'foni ya Mayankho. Akuti chimene anamva pa nthawiyo ndi njala, poti anali asanadye chichokereni kunyumba.

Tinadikira Lachisanu, Juma itatha, nthawi yanu ija. Tinakhala m'chipinda chochezera, Amama, amalume, Hafiz, ndipo Shamima anaika laini yake m'foni yanu n'kuimba. Bambo Oscar anayankha m'Chiyao chosakaniza ndi Chipwitikizi. Atamva dzina lanu anakweza mawu. "Lourenco? Ali kuti munthu ameneyo? Mayi uja anandithera benchi chaka chathunthu! Ine kuimba, foni osalowa. Pano anati tisamutchulenso dzina limenelo." Shamima sanawauze. Uthenga wa maliro sayamba kuuza wapanjira mwini wake asanamve. Anangopempha kuti akawaitane azakhali, anene kuti ndi mwana wa Lourenco. Tinadikira nthawi yaitali, foni ili patebulo. Itaitananso, anali azakhaliwo.

Sanapereke moni. Mawu awo ndi okhuthala ngati anu, moti Amama anagwira pakamwa. Anati, "Ndiwe mwana wake? Wakutuma? Iye pakamwa pamuwawa? Umuuze kuti ine sindine kamwana koika m'chinangwa. Ndinakula ndekha, ndinakwatiwa ndekha, ana ndinaika m'manda ndekha. Ndinamuitana ine kuti adzandipeze? Ndinali nditazolowera. Wabwera, wandionetsa mano, ine n'kuuza mudzi wonse kuti ndili ndi mlongo. Ndinagula nsapato za ulendo. Anthu akundiseka mpaka lero. Ngati mkazi wake anamuletsa, angonena."

Shamima anawasiya amalize. Sanawadule ngakhale pamodzi. Atatha mpweya, iye anati, "Azakhali, ndine Shamima. Khalani pansi." Anati akhala kale. "Ababa sanasiye kuimba. Ababa anatisiya. Anagwa pamsika Lachiwiri, atayankhula nanu Lachisanu. Nambala yanu inatsekeredwa m'foni mwawo, ndipo taitsegula sabata ino."

Tinkamva nkhuku za kutsidya, ndi wina akugula sopo.

"Chaka chiti?"

Shamima anatchula.

"Mvula ija isanathe?"

"Isanathe."

Kenako, ndi mawu otsika, ngati akudziyankhulira okha: "Ndiye kuti nthawi yonseyi ndakhala ndikutukwana munthu ali m'dothi." Sanalire. Anafunsa amene anakusambitsani, anafunsa ngati munavutika. Anafunsa mayina a ana ndi zidzukulu, kuyambira wamkulu, ndipo lililonse ankalibwereza. Pomaliza anati apatsidwe Amama. Anati, "Alamu, ndakunenerani zoipa. Sindimadziwa." Amama anati, "Ifenso tinachedwa. Bwerani."

Azakhali afika sabata ino, Ababa. Hafiz anakawachingamira pa Chiponde. Ndi aafupi kuposa inu, koma akamayenda kumbuyo kwake ndi inu ndithu. Sanafune madzi, sanafune kukhala. Anati tiwaonetse kaye. Poti amayi salowa kumanda kwathu kuno, anaima m'mphepete, pamene pathera njira, Shamima ali pambali pawo, ndipo Hafiz analowa n'kukaima pa mtumbira wanu kuti auone. Anauyang'ana nthawi yaitali. Anachita chizindikiro cha mtanda, mwa chipembedzo chawo. Kenako anati, "Lourenco, mwandiyendetsa," ngati munthu wodandaula za minibasi.

Kulira kunayamba pobwerera, titangolowa pa mpanda. Azakhali anagwa pabwalo n'kuyamba kubuma maliro mwa kwanu, kukutchulani mayina a ubwana amene ife sitinawamvepo, kutchula amayi anu, kutchula mudzi. Chipembedzo chathu sichilola kulira kotero, koma palibe amene anawaletsa. Shamima anakhala pansi pafupi nawo, maso ouma, atawagwira phazi. Anthu oyandikana nafe anatuluka akuthamanga, ena ufa uli m'manja, ena akumanga mipango m'njira. Mayi wina anafika pakhomo akupuma wefuwefu n'kufunsa Amama kuti, "Kwagwanji? Wamwalira ndani?"

Amama anati, "Che Bashiru."

"Che Bashiru ake ati?"

"Omwe aja."

Mayiyo anayang'ana azakhali, anayang'ana ife. Kenako anavula nsapato, n'kukhala pansi.

Allah akukhululukireni, akukulitsireni manda anu. Kukuiwalani sitingathe, Ababa, ndipo okukumbukirani tawonjezekera mmodzi.

Ndife mkazi wanu Sakina, ana anu Shamima ndi Hafiz, zidzukulu, mlamu wanu Sumani, ndi mlongo wanu Lusia.